Sizoni ya 2024 mapointi tinakatayira patebulo ndi pamsewu, osati pagalaundi

Sabata yatha mnyamata wina wa kutsidya kwa mtsinje anabwera pa shopu panga, wagula yuniti kenako waima pomwepo osachoka, ndie ndamufunsa kuti aise vuto ndi chani, akuti a TM (ndie kuti timu manejala, amandiitana choncho) timu yathu yatopa ndi mabonanza tikufuna tilowe ligi yeniyeni, tiyambire pati. Ndinaseka kaye. Osati kumuseka iye ayi, koma ndinaziona ndekha momwe ndinalili kumayambiriro kwa 2024, mutu uli wodzadza ndi majezi atsopano ndi zithunzi za pa Facebook. Ndinamuuza zina pomwepo koma makasitomala anali ambiri, ndie ndati bola ndizilembe bwinobwino kuti ndi ena omwe ali ndi maganizo ngati ake awerenge.

Ine ndimakhala pa trading centre ina m'boma la Dowa, ndili ndi kashopu ka mayuniti, kutchaja mafoni ndi Airtel Money ndi Mpamba. Mpira sindinasewerepo wa nzeru, bondo linandikana ndili ku sekondale. Utimu manejala anandipatsa pa msonkhano wa pansi pa mtengo chifukwa choti ndimasunga ndalama za anthu tsiku ndi tsiku komanso foni yanga siithima. Basi. Palibe anandifunsa ngati ndinawerengapo malamulo a mpikisano, inenso sindinadzifunse. Dzina la timu sinditchula, anthu ake alipo ndipo ena tikadali ndi ngongole zawo.

Kwa amene sadziwa mmene zimayendera, pansi pa TNM Super League chaka chimenecho kunali maligi a m'zigawo atatu, kummwera, pakati ndi kumpoto, ndipo chigawo chilichonse chimatumiza timu imodzi kumwamba sizoni ikatha. Kwathu kuno pakati ligi yake inali ija tinkangoti ya Chipiku, ndipo chigawochi chili ndi maboma 9, kuchokera Kasungu ndi Nkhotakota mpaka kukafika Ntcheu, Mchinji mpaka Salima kunyanja. Musaiwale nambala imeneyo chifukwa ndi imene inadya ndalama zathu. Ife sitinali mu Premier, gawo lapamwamba la ligi ya Chipikuyo, tinali mmunsi mwake, koma maso a aliyense chaka chimenecho anali pa Premier chifukwa Blue Eagles inali itatsika kuchokera mu Super League kumapeto kwa 2023 limodzi ndi Red Lions ndi Extreme FC, pomwe Creck Sporting inali itakwera. Ndie tangoganizani, timu ya apolisi ya ku Area 30 ija tinkangoimva pa wailesi tsopano ikusewera ligi ya dzina limodzi ndi yathu. Anyamata athu ankayenda mothimbwidzika ngati nawonso afika.

Bajeti yoyamba ndinalemba ndekha usiku, ndikadali nalo pepala lake. Majezi seti ziwiri, mipira, maneti, ndalama yolembetsera timu, laimu wolembera galaundi. Thiransipoti ndinaika mzere umodzi pansi penipeni ngati chinthu chongokumbukira. Chakudya cha anyamata koyenda sindinalembe nkomwe, ndalama ya oyimbira pa gemu ya pakhomo sindinalembe, mankhwala sindinalembe. Ndipotu nthawi imeneyo kwacha inali itangogwa ndi 44 peresenti mu November 2023, mtengo umene wakuuza mwini minibasi lero mawa wasintha, komanso mvula inali itadula chifukwa cha El Niño mpaka boma linalengeza mu March kuti maboma 23 ali pa ngozi ya njala. Munthu wanzeru akanaona kuti chaka ngati chimenecho anthu a m'mudzi sangasonkhe za mpira pomwe chimanga chikuvuta. Ine ndinangoti bwana alipo.

Bwanayo anali madala ena ogula fodya ndi soya, munthu wabwino ndithu sindinganame, amakonda mpira kuchokera pansi pamtima. Vuto ndi loti thumba lawo limayenda ndi msika. Kuyambira April mpaka cha mu August fodya akuyenda ku Kanengo, ukangowaimbira kuti madala Loweruka tili ku Kasungu, amangoti pita ukatenge kwa mnyamata wa pa sikelo. Msika utatsekedwa foni inayamba kulira osayankhidwa. Sanathawe ayi, ndalamayo kunalibe basi. Ndie ngati timu yanu ikudalira munthu mmodzi, khalani naye pansi sizoni isanayambe mumufunse mosachita manyazi kuti miyezi yanu yowuma ndi iti, ndipo nthawi imene zikuyenda muzipatula kenakake gemu iliyonse. Ife nthawi ya fodya tinkapereka mabonasi ngati timu ya kubanki, wachinya chigoli kenakake, goloboyi sanadye chigoli kenakake, masapota akulu akulu mpaka kukwera nawo minibasi yaulere. Mu October tinkapempha mandasi pa ngongole.

Za pageti iwalani ngati mukusewera pa galaundi ya sukulu ngati yathu. Mbali zonse ndi njira, wina akupita kuchigayo waima ndi thumba pamutu akuonera, umulipiritsa bwanji? Tinayesa kutchinga ndi masaka ndi udzu gemu imodzi, ana anaboola paliponse, ndalama imene tinapeza inangokwana kubweza mwini masaka. Chimene chinathandizako pang'ono ndi mbale, amayi awiri a komiti amazungulira nayo pa hafu taimu makamaka tikamatsogola, anthu akasangalala dzanja limafewa. Tikamaluza mbale imabwera ndi makoini atatu ndi chipongwe.

Koma nkhani imene imandiwawa mpaka lero ndi ya mapepala, ndipo apa ndikhalitsapo chifukwa ndi pamene ambiri a ife timagwera.

Chakumapeto kwa raundi yoyamba a kochi anabwera ndi mnyamata wina wakutsogolo, wamtali, mwendo wamanzere ngati nyundo. Anali atasamukira kwa amalume ake kufupi ndi kwathu kuchokera boma lina. Thireningi yoyamba yomwe anachinya zitatu, masapota ayamba kale kumupatsa maina. Ndamufunsa kuti mphwanga unalembetsako timu ina chaka chino? Akuti ayi a TM ndinkangosewera zamasewera, kunalibe zosainirana. Ndinamukhulupirira, ndipo mpaka pano ndimaona kuti sankanama, iye sankadziwa kuti tsiku lina lake atapereka chiphaso chake cha unzika kwa munthu wa timu yakaleyo kuti akajambulitse, kumeneko kunali kulembetsa. Kwa iye kusaina ndi cholembera ndi ndalama m'manja. Ine ndinatumiza zinthu zake kuti alembetsedwe, yankho linachedwa, ndinaimbira munthu wina amene ndinkamuona ngati amadziwa zinthu, iye akuti aaa zimenezo ndi zazing'ono museweretseni zikonzeka Lolemba. Mawu apafoni. Palibe kalata, palibe meseji, palibe chilichonse choti ndingaonetse munthu.

Loweruka tinamuseweretsa, gemu ya pakhomo ndi timu imene inali pamwamba pathu. Tinawina 2-1, zonse ziwiri iyeyo. Tsiku limenelo trading centre yonse inali ngati ukwati, akabaza akuliza mabelu, ine anandinyamula m'mwamba ngati ndachinya ndine. Chimene sindinaone ndi choti TM wa anzathuwo, bambo wachikulire wodekha amene sanakuwe ngakhale kamodzi gemu yonse, anali atapita kwa oyimbira gemu isanayambe nkulembetsa kuti akusewera modandaula. Ankamudziwa mnyamatayo. Patatha masabata awiri tinaitanidwa ndi akuluakulu a ligi, ndinavala shati yanga yabwino ndikuganiza kuti ndikalongosola amva. Anangondifunsa funso limodzi, chikalata chomumasula ku timu yake yakale chili kuti? Ndinayamba kufotokoza za foni ija, wapampando anandiyang'ana mwachisoni nkunena kuti bambo, foni sitiika mu faelo. Mapointi atatu anapita kwa anzathu, kachindapusa pamwamba, mnyamata anakhala panja mpaka nthawi yosinthana osewera. Sindingawanene kuti anatilakwira, malamulo anali olembedwa ndipo anatipatsa sizoni isanayambe, ine ndi amene ndinawapinda nkuika pansi pa kauntala.

Kubwerera kumudzi tsiku limenelo ndinatsikira patali nkuyenda wapansi kuti ndifike kutada.

Ndie mphwanga amene ukufuna kulowa ligi, wosewera aliyense watsopano usamufunse kuti unasaina kwina, mufunse kuti chiphaso chako kapena chithunzi chako unapatsako ndani chaka chino ndi chatha. Ukatero imbira timu imeneyo wekha, pempha kalata, ndipo asaponde galaundi pa gemu ya ligi mpaka dzina lake litatuluka pa mndandanda wovomerezeka uli nawo m'manja. Ngakhale a kochi alire bwanji, ngakhale masapota akutukwane. Chinanso, maina. Anyamata athu ambiri ali ndi maina atatu, la pachiphaso, la kusukulu ndi la pagalaundi, ndipo pa fomu ya gemu umayenera kulemba la pachiphaso ndi masipelo ake omwewo ngakhale alakwike chotani. Tinatsala pang'ono kugwanso ndi wina amene tonse timamudziwa ndi dzina la agogo ake pomwe pachiphaso pali la bambo ake. Kuchokera tsiku limenelo ndinagula kope la chikuto cholimba, tsamba lililonse wosewera mmodzi, fotokope ya chiphaso yomata, nambala ya kholo kapena mkazi wake, ndi makhadi achikasu ndi ofiira amene wapatsidwa ndi tsiku lake. Makhadiwo muziwerenga nokha, musadikire kuti wina akukumbutseni kuti uyu akuyenera kukhala panja, amene angakukumbutseni ndi timu imene mwaigonjetsa ndipo idzakukumbutsani mochedwa dala.

Pamene tinkati tiyambe kuiwala za mapointi aja, Blue Eagles inachita zake mu FDH Bank Cup. Amene munatsatira mukukumbuka, timu ya mu ligi ya chigawo kudutsa matimu a Super League mpaka kufika fainolo ndi FCB Nyasa Big Bullets, Bullets yomwe ija chaka cha 2023 inasesa zonse zinayi, ligi, FDH, Airtel Top 8 ndi Castel. Ine ndinapita ku Bingu National Stadium, ndinatseka shopu, mayi a kunyumba akundiyang'ana ndi diso lija. Gemu inatha osachinyana, mapenate, Eagles ya a Eliya Kananji nkunyamula chikho. Sindine wa Eagles ine, koma ndinakuwa mpaka mawu kutha chifukwa ndinkaona ngati awinira ife tonse a kumafumbi. Ndipo sikanali koyamba timu ya m'chigawo kufika patali choncho, mu 2022 fainolo ya chikho chomwechi inali ya Bullets ndi ana awo omwe a Reserve amene ankasewera ligi ya kummwera.

Ndinabwerera kumudzi nditaledzera ndi maloto, ndipo ndinapeza komiti yonse yaledzera chimodzimodzi. Pa msonkhano wotsatira aliyense akuti mwaona, chikho sichiona nkhope, ligi yatikanika kale ndi mapointi aja ndie tiike mphamvu zonse pa Castel Challenge Cup, paja imeneyi imayambira m'maboma momwe ndipo ngakhale timu yaing'ono ikhoza kukumana ndi akuluakulu. Ibongetse, ibongetse, mawu otsatsira chikhochi anali amenewo paliponse. Mmodzi yekha, msungichuma wathu, mayi wophunzitsa ku pulayimale, anati koma abale Eagles ndi apolisi, anyamata awo ambiri mwezi ukatha amalandira, ali ndi basi, ali ndi galaundi yawo ya Nankhaka, adya kale asanapite ku thireningi, ife tikudziyerekeza nawo pati? Anamuseka. Inenso ndinaseka nawo. Anali yekhayo amene ankaganiza bwino tsiku limenelo, komanso chimene sitinaone ndi choti Eagles yomweyo chikho sichinaiiwalitse ligi, inapitiriza kuwina magemu ake a Chipiku mpaka kubwerera mu Super League. Reserve ya Bullets nayonso ndi ana a timu yolemera. Zitsanzo zathu zonse ziwiri zinali za anthu okhuta.

Apa ndinenepo za mankhwala, chifukwa ndikabisa ndie kuti ndanama. Titawina gemu yoyamba ya chikho, akuluakulu ena a masapota anabwera usiku kuti a TM gemu yotsatirayi ndi yolimba, pali agogo ena kuseri kwa phiri amakonza bwino. Ine ndimapemphera ndithu koma ndinatulutsa ndalama, ya timu, imene inali yoti tigule bandeji ndi mankhwala opopera aja. Anyamata anauzidwa kuti asalowere pageti, asapereke moni wa m'manja, asadye za mafuta, ena mpaka anagona kugalaundi kulondera magolo usiku wonse kukuzizira. Tinawina 1-0, ndie mukudziwa kale amene analandira ulemu. Palibe anatchula goloboyi wathu amene anagwira penate. Mtengo wa agogo aja gemu yotsatira unakwera. Sindikutsutsana ndi munthu pa zimene amakhulupirira, ndikungonena kuti mu kope langa mzere umenewo unaposa wa chakudya cha anyamata mwezi umenewo, ndipo anyamata amene agona panja usiku miyendo imalemera ikafika miniti ya 70.

Kenako mafuta anasowa. Amene munali ku Malawi kuno chakumapeto kwa 2024 simufuna kukumbutsidwa, mizere pa mafilingi siteshoni usiku ndi usana, madalaivala kugona m'galimoto, zigubu zikugulitsidwa kuseri pa mtengo wolira nawo. Sabata ina zinagundana, Lachitatu gemu ya ligi koyenda kutali cha kunyanja, Lamlungu gemu ya chikho. Mwini minibasi amene tinkayenda naye sizoni yonse anati a TM ine mafuta ndili nawo a ulendo umodzi, sankhani, ndipo ngongole yakale ija muyambe mwadulako. Tinakhala pansi, komiti inati chikho. Ine ndinaganiza zochenjera, ndinati ndiimba foni Lachiwiri madzulo kunena kuti mafuta asowa gemu aisunthe, dziko lonse likudziwa kuti mafuta kulibe ndie akana bwanji. Akuluakulu a ligi anandiyankha kuti pempho losuntha gemu limabwera polemba komanso masiku asanathe, osati usiku woti mawa gemu, oyimbira anyamuka kale, eni bwalo alemba kale laimu. Taonani, foni kachiwiri. Munthu yemweyo, mwala womwewo.

Lachitatu m'mawa tinayesa kuthamangathamanga, tinapeza lole ya matani atatu imene inkapita mbali yomweyo kukatenga nsomba ndi mpunga, anyamata 16 kumbuyo pa dzuwa, ena sanabwere chifukwa tinali titawauza kale kuti gemu kulibe ndie anapita ku maganyu. Lole inaima kawiri, kachitatu dalaivala anati dizilo watha tidikire mnyamata wake abwere ndi chigubu pa njinga yamoto. Tinakhala pansi pa mtengo wa mango m'mbali mwa msewu, majezi tavala kale, nthawi ya gemu ikukwana tikuiona pa foni. Tinafika dzuwa litapendeka, galaundi ili mbee, mbuzi zokha, mwana wina nkutiuza kuti oyimbira anadikira kenako analiza wezulo anthu nkubalalika. Mapointi atatu ena ndi zigoli za ulere kwa eni bwalo. Usiku umenewo tinagona m'kalasi pa sukulu ina, aphunzitsi aakulu anatimvera chisoni, mkazi wawo anatiphikira phala. Kaputeni wathu, mnyamata wofatsa amene sanandiyankhepo mwamwano, anabwera pamene ndinakhala nkunena chapansipansi kuti a TM, ife timasiya minda ndi ana kubwera kuno, inu ntchito yanu ndi imodzi yokha, kutifikitsa pagalaundi. Sindinamuyankhe. Ndikanati chani?

Ndikanakhala ndi nzeru za lero, fikisicha itangotuluka ndikanakhala pansi ndi mwini galimoto nkuwerenga maulendo onse a koyenda, autali ndi aafupi, nkugwirizana mtengo ndi kalipiridwe polemba, ndipo ndikanakhala ndi galimoto yachiwiri yodziwika kale. Ndikaona kuti sabata ina zigundana, kalata ipite Lolemba la sabata yapitayo, kope lake ndisunge, ndijambulenso pa foni. Ndipo ulendo wautali muzinyamuka m'bandakucha ngakhale gemu ili ya 2:30, bola kukagona pansi pa mtengo kumeneko kusiyana ndi kuona nthawi ikutha muli panjira. Ufa, nyemba zophikaphika ndi poto muzinyamula, kugula chakudya cha anthu 20 pa chiwaya kapena mu lesitilanti ndi kumene kumapha matimu ang'onoang'ono mwakachetechete.

Lamlungu lake, gemu ya chikho imene tinagulitsira zonse ija, anyamata analowa atatopa ndi lole ndi kugona pa simenti. Anayesetsa ndithu, hafu yoyamba tinatsogola. Chakumayambiriro kwa hafu yachiwiri wotchinga kumbuyo wathu wa nambala 5 anapita pa mpira wa onse awiri, phokoso lake ndinalimva ndili pa benchi, ngati munthu wathyola nzimbe. Mwendo pansi pa bondo. Ndinathamanga ndi chikwama cha mankhwala ndikudziwa bwino lomwe kuti mulibe kanthu, munali botolo la madzi, thonje pang'ono ndi mafuta otikitira otsala pansi. Masapota ena ayamba kale kumukoka mwendo kuti auwongole, mwamwayi panali mayi wina namwino amene anabwera kudzaonera mchimwene wake wa timu inayo, anawakalipira onse kuti musamugwire, anatuma ana kukathyola timatabwa ta benchi ya sukulu nkumanga mwendo ndi zitenje ziwiri kuti usagwedezeke. Minibasi yathu inali itapita kukaima pa mzere wa mafuta poti dalaivala anamva kuti thanki yabwera. Tinamunyamula pa chitseko mpaka kumsewu, galimoto ya munthu wongodutsa ndi imene inamutengera kuchipatala.

Gemu inatha 1-1, mapenate tinatuluka. Ine mapenatewo sindinawaone, ndinali pa benchi ya chipatala ndikuimbira bambo ake a mnyamatayo, nambala ndinaipeza mu kope lija, chinthu chimodzi chokha chimene ndinachita bwino sizoni yonse. Atafika sanakuwe. Anangoti, bambo, mwanayu ndi amene amandilimira, mvula ili pafupi, ndie mwati titani? Funso limenelo palibe lamulo la mpikisano limene limayankha. Komiti inasonkha, anyamata anagwirizana okha kuti Lachiwiri lililonse mmalo mwa thireningi azikalima munda wa bambowo mpaka kubzala, ndipo anapitadi, ngakhale aja ankajomba thireningi. Pano akuyenda, amatsimphina pang'ono kukazizira, mpira anasiya. Amabwera kudzaonera, amakhala kumbuyo kwa golo.

Ndie musanagule seti yachiwiri ya majezi gulani bandeji, timatabwa towongoka tiwiri, magolovesi, ndipo pezani munthu mmodzi wa zaumoyo wa m'dera lanu, ngakhale HSA, mumupemphe azibwera pa gemu za pakhomo kapena aphunzitseko anthu awiri a komiti. Galimoto isachoke pagalaundi mpira uli mkati, zivute zitani. Ndipo makolo kapena akazi a osewera muziwadziwa nkhope sizoni isanayambe, osati kukakumana nawo koyamba kuchipatala ngati ine.

Magemu otsala a ligi tinangomaliza kuti dzina lisafe. Mvula itagwa anyamata anabalalika, wina kumunda, wina kukadikira feteleza wa AIP kudepoti masiku atatu, wina anapita ku Lilongwe kukasaka ganyu ya zomangamanga. Gemu ina tinayamba ndi anthu 10, wa 11 anafika pa kabaza mpira utayamba kale, matope mpaka m'mawondo. A kochi, bambo a zaka zopitirira 40, anatsala pang'ono kuvala jezi koma ndinawaletsa chifukwa dzina lawo silinali pa mndandanda wa osewera, anandiyang'ana nkuseka, akuti eee a TM mwaphunzira tsopano. Tinathera mmunsi mwa tebulo koma osati pansi penipeni. Nditawerenga bwino, mapointi 6 aja, atatu a patebulo ndi atatu a pa lole, akanatiika pakati pabwino ndithu. Pagalaundi anyamata sanatichititse manyazi, amene anatigonjetsa ndi mpira weniweni ndi ochepa.

Kumwamba sizoni inatha Silver Strikers itatenga ligi, Castel imene tinkailota ija inapita kwa Mighty Mukuru Wanderers atagonjetsa Mzuzu City Hammers, Eagles inabwerera kwawo ku Super League limodzi ndi Ekhaya ya kummwera ndi Songwe Border United ya kumpoto. Fainolo ya Castel ndinamvera pa wailesi mu shopu, ndikuwerenga ngongole. Mwini minibasi, mwini masaka, mayi wa mandasi, ndi ndalama ya bizinesi yanga imene ndinkangotapa ndikuti ndibweza bwana akayankha foni. Chimenechi ndiye musachite, ndalama ya fuloti ya Airtel Money si ya timu, ndinatsala pang'ono kutseka shopu ndipo kunyumba kunali chete wa masabata awiri, uja woti nsima ikubwera koma mawu ayi. Mayi a kunyumba atayamba kuyankhula anangoti, abambo, timuyo ikakutengerani shopu idzakudyetsani? Pano ndalama ya timu ili ndi msungichuma uja tinamuseka, pa nambala yakeyake, ndipo kuti ituluke timasaina anthu awiri.

Utimu manejala sindinasiye, anakana kundichotsa, akuti amene wapsa kale ndi amene amadziwa moto. Mnyamata wa kutsidya uja anabweranso dzulo ndi mndandanda wa osewera ake 25 wolemba pa pepala la pakati pa kope, maina ake Messi, Rasta, Kabila, Shoti, wina anangolemba kuti Mlamu. Ndamubwezera kuti apite akatenge ziphaso zonse, Loweruka tikhala pansi pano ndi guluu ndi kope latsopano. Mwini minibasi ndatsala naye matumba awiri a soya, tinagwirizana kuti ndikakolola.